Manganya, Tikuferanji ndi zaka zomwe tinkaopa kutchula edzi

Mukawafunsa ana a Fomu 1 a masiku ano kuti Dr. Michael Usi ndi ndani, amayankha kuti ndi amene anali wachiwiri kwa mtsogoleri wa dziko. Sakunama. Koma ife akuluakulu timawadziwa ndi dzina lina, Manganya, ndipo m'kuona kwanga ntchito yawo yaikulu anaigwira asanalowe ndale, pomwe ankakonza ndi kusewera sewero la Tikuferanji.

Tiyambe ndi momwe zinthu zinalili. M'nthawi ya Kamuzu dziko lino linalibe wailesi yakeyake ya kanema. Zisudzo tinkamvera pa MBC, monga Kapalepale, Pamajiga ndi Sewero la Sabata Ino. Amene anali ndi ya basi ankapita ku French Cultural Centre ku Blantyre kukaonera Izeki ndi Jakobo a gulu la Kwathu, kapena Wakhumbata ya Du Chisiza Jr. Television Malawi inatsegulidwa pa 1 April 1999, patangopita masabata ochepa a Chisiza atamwalira. Choncho oyamba kulemba masewero a pa kanema analibe wowaonetsa njira. Anangotenga luso la pa wailesi ndi la pa nsanja n'kuliika patsogolo pa kamera.

Zaka zomwezo n'zomwe edzi inkatimaliza. Odwala oyamba anapezeka m'Malawi mu 1985, koma kwa nthawi yaitali dzina la matendawa silinkatuluka pakamwa. Tinkati kaliwondewonde, magawagawa, matenda a boma, ndipo pa maliro ankangoti malemuwa adwala nthawi yaitali. Mpake kuti anthu anadabwa mu February 2004 pamene a Bakili Muluzi, ali pulezidenti, anaulula poyera kuti mchimwene wawo anamwalira ndi edzi. Kuno ku Chiradzulu tinali ndi mwayi, chifukwa bungwe la MSF linayamba kupereka ma ARV mu 2001, boma lisanayambe kugawa aulere m'dziko lonse mu 2004. Koma mankhwala amathandiza munthu amene wayezetsa magazi, ndipo ambiri ankalolera kufa kusiyana n'kuti anansi awaone akulowa m'chipinda choyezera. Kafukufuku wa boma wa 2004 anapeza kuti mwa akuluakulu 100 alionse, pafupifupi 12 anali ndi kachirombo.

Apa ndi pomwe a Usi analowera. Iwo ankagwira ntchito ku ADRA, bungwe la chitukuko la mpingo wa Seventh-day Adventist, komwe anakwera mpaka kukhala mkulu wa bungweli m'dziko muno. ADRA ndi imene inkakonza Tikuferanji, pa wailesi ndi pa kanema pomwe. Dzina lenilenilo linali funso lomwe aliyense anali nalo mumtima koma sankalifunsa mokweza.

Taganizirani vuto lomwe wolemba anali nalo. M'midzi ya kwa Kadewere kapena kwa Likoswe, kanema ankapezeka nyumba imodzi mwa zambirimbiri, nthawi zina woyendera batire ya galimoto. Nthawi ya sewero ikakwana m'nyumbamo munkadzaza: agogo, bambo, mayi, ana, mkamwini ndi apongozi ake, anansi ena atasuzumira pawindo. Nkhani inali ya kuchipinda, koma inayenera kunenedwa mwakuti mkamwini asadzuke ndi manyazi, ndipo mwana wa Sitandade 5 asauzidwe kuti kagone. Mawu akalaula, bambo azimitsa. Akazungulira kwambiri, palibe atolepo kanthu. Njira yomwe anapeza inali nthabwala. Manganya ankanena zomwe m'busa, mfumu kapena mphunzitsi sakanatha kunena pagulu, ndipo anthu ankamulekerera poti ndi Manganya. Makolo athu ankachita zomwezo ndi Kalulu m'nthano: mumaseka kaye, kenako mukuzindikira kuti akunena inu. M'mawa mwake nkhani inkapitirira pa mjigo, m'minibasi ya ku Limbe ndi mu staff room, ndipo munthu ankatha kufunsa za kuyezetsa pobisala kumbuyo kwa zomwe wachita Manganya dzulo.

Sindikunena kuti sewero ndi limene linagonjetsa edzi. Ntchito imeneyo anaigwira ndi madokotala, anamwino, alangizi a zaumoyo ndi magulu a anthu omwe ali ndi kachirombo. Ngakhale uthengawo, amene anaufikitsa kutali ndi wailesi, poti kanema anali wa ochepa. Koma kumasula pakamwa pa banja lonse nthawi imodzi si ntchito yaing'ono.

Za ndale mukuzidziwa. Mu 2019 a Saulos Chilima anawasankha a Usi kuti aime nawo pa chisankho m'chipani cha UTM. Mu 2020 anakhala nduna ya zokopa alendo ndi chikhalidwe. A Chilima atamwalira pa ngozi ya ndege ku Chikangawa pa 10 June 2024, a Usi analumbira kukhala wachiwiri kwa pulezidenti pa 21 June. Mu September 2025 anaima paokha m'chipani cha Odya Zake Alibe Mlandu koma sizinawayendere. Ine ndale sindilowamo. Ndingoti Manganya anali wa tonse, pomwe wandale amakhala wa ena.

Chomwe chandilembetsa izi n'chakuti mavuto osatchulika sanathe. Atsikana akusiyira sukulu panjira chifukwa cha mimba, anyamata akuthera ndalama pa kubetcha, abambo akudzipha mwakachetechete. Koma lero aliyense akuonera zake pa foni, ndipo banja silikhalanso pamodzi kuseka chinthu chimodzi. Wolemba wina ayenera kupezeka, ndipo achokera m'makalasi athu momwemu. Du Chisiza anatulukira pa mpikisano wa zisudzo wa ATEM ali mwana wasukulu ku HHI. Aphunzitsi anzanga, drama club tisaione ngati yotaya nthawi ya MSCE. Mwana uja amasokosa kumbuyo n'kumaseketsa anzake, musanamutume kukatchetcha, yesani kumupatsa pepala alembe sewero. Inu amene munamaliza, amene muli ndi makamera ndi makompyuta ku Blantyre, Lilongwe kapena ku Joni, bwerani tsiku lina mudzawaonetse azing'ono anu momwe zimachitikira.