Kamera Siimangoyang'ana

Tchuthi chapitachi ndidaima pa Chitakale madzulo, othyola tiyi akuweruka. Nditakweza foni kuti ndijambule, mayi wina adandifunsa: "Achimwene, mwatipempha?" Ndidayankha kuti ndikungojambula zomwe zikuchitika. Pambuyo pake ndidazindikira kuti yankho limeneli lidayamba kalekale, pamodzi ndi kanema weniweniyo.

Mu 1895, Louis Lumière adajambula antchito akutuluka pachipata cha fakitale ku Lyon. Ukamaonera, umayesa kuti kamera idangowapezerera. Komatu adawajambula kangapo, ndipo fakitaleyo inali ya banja lake. Mu 1922, Robert Flaherty adatulutsa Nanook of the North, yoonetsa moyo wa Ainuit a ku Canada. Munthuyo dzina lake lenileni linali Allakariallak, ndipo ankasaka ndi mfuti, koma mufilimu adamugwiritsa mkondo kuti aoneke wachikale.

Kuno kwathu sizidasiyane. Mu 1948 kudakhazikitsidwa Central African Film Unit ku Salisbury, pansi pa Alan Izod, kuti izipanga mafilimu a anthu akuda a ku Nyasaland ndi ma Rhodesia awiri. Ankajambula anthu wamba m'midzi ndi m'minda yawo yeniyeni, koma nkhani idali italembedwa kale: mlimi womvera mlangizi amatukuka, wamakani amasauka. Mafilimu oyambirira adali opanda mawu, ndipo poonetsa, womasulira ndiye ankauza anthu tanthauzo lake. Ojambulidwawo adaoneka, koma sadamveke.

Kujambula munthu akulankhula yekha, popanda kumuuza chochita, kudayamba kuphweka cha m'ma 1960, kutabwera makamera opepuka otengera pamodzi ndi mawu, monga mu filimu ya Primary ya Robert Drew. Patangopita zaka zinayi, Nyasaland idasanduka Malawi.

Sindikunena kuti mafilimu akalewa tiwataye. Ine monga wophunzira mbiri ndimawafuna, chifukwa muli zina zomwe wojambula sadakonze: zovala, makasu, mamangidwe a nyumba, nkhope yozemba kamera. Koma tisamawatenge ngati mboni yosakondera. Tizifunsa: kumbuyo kwa kamera kudaima ndani, ndipo adamutuma ndani?

Mayi uja ndidawapepesa, kenaka ndidawapempha. Adavomera, koma adayamba akonza kaye duku lawo. Ena anganene kuti pamenepo chithunzi chidasiya kukhala chachilengedwe. Ine ndikuti ndi pamene chidakhala chawo.