Mbiri ya Kuyerekeza Nambala ndi Mndandanda Wosatha

Kwa mmisiri woluka nkhokwe m'midzi ya ku Mkaika, likulu la Kalonga Gawa Undi m'boma la Katete, n'kokwanira kudziwa kuti chingwe chozungulira nkhokwe chimatalika katatu ndi kachidutswa poyerekeza ndi chingwe chodutsa pakati pake. Kachidutswa kameneka ndi komwe kanasautsa akatswiri a masamu kwa zaka mazana ambiri, chifukwa nambala yonseyo, yomwe imatchedwa pi, ilibe pothera ikalembedwa, motero munthu angathe kungoiyandikira.

Njira ina yoiyandikira mwadongosolo inatulukiridwa ku Kerala, kumwera kwa India, ndi Madhava wa ku Sangamagrama, yemwe anakhala ndi moyo cha m'ma 1340 mpaka 1425. Iye anagwiritsa ntchito mndandanda wosatha, ndiko kuti manambala oonkhetsedwa ndi kuchotseredwa motsatizana, aliyense wochepa kuposa wam'mbuyo mwake, ndipo anasonyeza kuti gawo limodzi mwa magawo anayi a pi ndi 1 − 1/3 + 1/5 − 1/7, kupitirira choncho mosalekeza. Vuto la mndandandawu ndi loti umayenda pang'onopang'ono kwambiri, mwakuti ngakhale munthu ataonkhetsa manambala 5,000, amangopeza manambala atatu olondola patsogolo pa kadontho. Luso lenileni la Madhava linali pamenepa, pakuti anapeza kanambala kokonzera komwe kamaikidwa podulira mndandandawo, komanso mndandanda wina wofulumira womwe unapereka pi molondola mpaka malo 11. Umboni wa njirazi unalembedwa cha m'ma 1530 ndi Jyesthadeva m'buku lotchedwa Yuktibhasa, ndipo n'zochititsa chidwi kuti analilemba m'Chimalayalamu, chinenero cha anthu wamba, m'malo mwa Chisansikiriti cha ophunzira.

Ku Ulaya, James Gregory ndi Gottfried Leibniz anatulukiranso mndandanda womwewo m'zaka za m'ma 1670, kenako Brook Taylor anasindikiza lamulo lake lalikulu la mindandanda yosatha mu 1715. M'zaka zotsatira, kuwerengera matebulo a masamu kunali ntchito yolembedwa ganyu, ndipo timabuku ta matebulo totere ndi tomwe ophunzira a ku sekondale ku Katete ndi ku Sinda ankanyamula makakyuleta asanafale.

Ntchitoyi inali ndi ngozi zake, popeza kulakwitsa pamzere umodzi kumaononga zonse zotsatira. Powerengera pi, John Machin anafika pa manambala 100 mu 1706 popanda cholakwa, koma William Shanks, yemwe analengeza manambala 707 mu 1873 atawerengera pamanja kwa zaka zambiri, anaphonya pa nambala ya 528, ndipo cholakwacho chinakhala m'mabuku mpaka m'ma 1940, pamene D. F. Ferguson anachizindikira pogwiritsa ntchito makina owerengera a padesiki.