Nyika: Paki Yoyamba ya Malawi

Kalekale boma lisanayike malire, pamwamba pa mapiri a Nyika pankafuka utsi wa ng'anjo. Anthu a mtundu wa Aphoka ankasungunula chitsulo kumeneko n'kumasula makasu ndi mikondo, ndipo mabwinja a ng'anjozo akadalipo mpaka lero. Nyanja ya Kaulime, kanyanja kachilengedwe ka pamtunda pomwepo, ankaiopa. Akuluakulu amati m'madzimo munkakhala chinjoka cha mizimu, choncho anthu ankathirako nsembe popempha mvula.

Atsamunda anabwera ndi maganizo ena. M'zaka za m'ma 1950 anadzala mitengo ya paini ku Chelinda, pa Nyika pomwepo, pofuna kuona ngati ingakule bwino m'dera lozizira chonchi. Mitengo inakuladi, koma msewu unali woipa ndipo msika unali kutali, malonda ake osapita patsogolo. Madamu a ku Chelinda, omwe alendo amawedzamo nsomba za trout, nawonso ndi ntchito ya manja a anthu.

Mu 1965 Nyika inakhala paki yoyamba m'Malawi. Mu 1978 boma linaikulitsa kufika pa masikweya kilomita oposa 3,000, ndipo apa mpomwe mbiri yake imawawa: mabanja ambiri anasamutsidwa, kusiya minda ndi manda a makolo awo. Mabuku okopa alendo sakonda kutchula zimenezi.

Lero mbidzi, ntchefu ndi achilembwe zimadya msipu m'munsi mwa phiri la Nganda, lotalika mamita oposa 2,600. Mu 2017 njovu 34 zinabwera pa malole kuchokera ku Liwonde kudzawonjezera zochepa zomwe opha nyama mozembera anasiya.