Disiki: mawu amene amasintha nambala ya matenda

Dokotala akati "disiki", satanthauza chimbale cha nyimbo ayi. Amanena kachicherewecherewe kokhala pakati pa mafupa awiri a msana, kolimba kunja koma kofewa m'kati, kamene kamaletsa mafupawo kukhulana. Kumtunda kwa msana, kumene nthiti zimalumikizika, kuli mafupa 12, kuyambira T1 mpaka T12. Disiki ya pamenepa ikaperepeseka kapena kusuntha n'kupanikiza mtsempha, ululu umatha kuzungulira chifuwa motsata nthiti.

Mawuwa ndi olemera akalembedwa m'fayilo ya wodwala. M'buku la manambala a matenda la bungwe la WHO, lotchedwa ICD-10, kupweteka chabe kwa msana wakumtunda ndi M54.6. Koma zikadziwika kuti gwero lake ndi disiki, nambala imachoka pamenepo n'kulowa m'gulu la M51. Madisiki a m'khosi ali paokha, ku M50. Ku America, kumene anayamba kugwiritsa ntchito mtundu wawo wa bukuli, ICD-10-CM, mu 2015, nambala imatchulanso malo: M51.24 ndi disiki ya kumtundaku yosuntha, M51.34 ndi yoperepeseka.

Kusiyanaku n'kofunika zedi, chifukwa M54.6 imangotchula ululu pomwe M51 imatchula chouyambitsa. Inu olemba manambala, musaike M51 dokotala asanalembe yekha kuti vuto ndi disiki.