Rustenburgite: tanthauzo la dzinali ndi kagwiritsidwe ntchito kake

Rustenburgite ndi dzina la mwala wosowa kwambiri wa m'gulu la platinum. Dzinali lidachokera ku mgodi wa Rustenburg m'dziko la South Africa, komwe mwalawu udapezeka koyamba, ndipo lidalengezedwa m'chaka cha 1975.

Kwa anthu ambiri a m'boma la Mangochi, Rustenburg ndi malo odziwika chifukwa cha abale awo amene adapita kapena akupitabe ku Joni kukafuna ntchito. Koma kwa ogwira ntchito m'boma, amene amalandira malipoti a makampani ofufuza miyala, chofunika kwambiri ndi kudziwa chimene dzina lotere limanena ndi chimene silinena, chifukwa kulimva molakwika kungachititse kuti anthu alonjezedwe chuma chomwe palibe.

Chiyambi cha dzinali

Dzinali lili ndi zigawo ziwiri. Chigawo choyamba, Rustenburg, ndi dzina la mzinda wa m'chigawo cha North West womwe udakhazikitsidwa m'chaka cha 1851. M'chiyankhulo cha Mabunu mawuwa amatanthauza mzinda wa mpumulo.

Chigawo chachiwiri ndi zilembo zitatu za kumapeto, -ite, zomwe zidachokera ku Chigiriki. Akatswiri amaziika kumapeto kwa maina ambiri a miyala pofuna kusonyeza kuti chomwe chikutchulidwacho ndi mtundu wa mwala. Choncho rustenburgite ndi mwala womwe udatchedwa dzina la Rustenburg.

Amene adaufotokoza koyamba ndi akatswiri atatu, P. Mihálik, S. A. Hiemstra ndi J. P. R. de Villiers, m'magazini ya sayansi ya The Canadian Mineralogist. M'nkhani yomweyo adafotokozanso mwala wina wofanana nawo womwe adautcha atokite, potengera dzina la mgodi wa Atok wa m'dziko lomwelo.

Munthu sangangodzuka n'kupatsa mwala dzina. Bungwe la International Mineralogical Association, lomwe lidakhazikitsidwa m'chaka cha 1958, lili ndi komiti yomwe imaunika umboni wonse isanavomereze kuti mwala ndi watsopano komanso kuti dzina lake ndi loyenera. Mitundu ya miyala yomwe bungweli lidavomereza idapitirira 6,000.

Mwalawu ndi wotani

Gulu la platinum lili ndi zitsulo zisanu ndi chimodzi: platinum, palladium, rhodium, ruthenium, iridium ndi osmium. Zitsulozi zimapezeka pamodzi m'nthaka, ndipo kawirikawiri zimakhala zitaphatikana ndi zinthu zina. Kuphatikana kulikonse kumapanga mtundu wake wa mwala wokhala ndi dzina lake.

Mu rustenburgite, platinum imaphatikana ndi chitsulo cha tin, maatomu atatu a platinum pa atomu imodzi ya tin. Nthawi zambiri mumakhalanso palladium. Palladium ikachuluka kuposa platinum, mwalawo sutchedwanso rustenburgite koma atokite. Izi zikusonyeza kuti dzina la mwala limatsata zomwe zili m'kati mwake ndi mmene zidayalirana.

Mwalawu sapezeka m'zibulumwa zoti munthu angatole ndi manja. Umapezeka ngati timibulu ting'onoting'ono tobisika m'thanthwe, tomwe kawirikawiri sitiposa kunenepa kwa tsitsi limodzi la m'mutu. Kuti audziwe, akatswiri amadula thanthwelo, kulisalaza ndi kuliunika ndi makina a mu labotale.

Timibulu toyamba tidachokera mu mzere wa thanthwe wotchedwa Merensky Reef, womwe udapezeka m'chaka cha 1924 ndipo udatchedwa dzina la katswiri wa miyala Hans Merensky. Mzerewu uli m'dera la Bushveld, komwe chiphalaphala chotentha chidazizira pansi pa nthaka zaka pafupifupi 2 biliyoni zapitazo. Chifukwa cha dera limeneli, dziko la South Africa limatulutsa pafupifupi 70 peresenti ya platinum yomwe imakumbidwa pa dziko lonse.

Gawo lalikulu la platinum ndi palladium limapita ku mafakitale a galimoto, komwe amaziika m'kachipangizo kochepetsa poizoni wa mu utsi. Zina amapangira mphete, zipangizo za m'chipatala ndi za m'mafakitale a mankhwala.

Rustenburg ndi Amalawi

Kwa zaka zambiri amuna a m'dziko muno ankapita ku migodi ya ku South Africa kudzera m'bungwe la Wenela, lomwe pambuyo pake lidadziwika kuti Theba. Ambiri ankagwira ntchito m'migodi ya golide, ndipo ena adafika m'migodi ya malasha ndi ya platinum.

Pa 4 Epulo 1974 ndege ya Wenela idagwa ku Francistown m'dziko la Botswana ndipo Amalawi oposa 70 omwe ankabwerera kumudzi adafa. Mtsogoleri wa dziko lino panthawiyo, Dr. Hastings Kamuzu Banda, adaimitsa ntchito yolemba anthu opita ku migodi. Ntchitoyi idayambiranso m'chaka cha 1977 ndipo idatheratu m'chaka cha 1988.

Dzina la rustenburgite lidatuluka patangotha chaka chimodzi ngoziyi itachitika. Limasunga dzina la mgodi, osati la amene adalowa pansi kukaphwanya thanthwelo, monga zilili ndi maina ambiri a miyala omwe amakumbutsa malo kapena akatswiri.

Dzina silisonyeza malo okhawo

Cholakwika chomwe chimachitika kawirikawiri ndi kuganiza kuti mwala wotchedwa dzina la malo umapezeka kumalo okhawo. Rustenburgite idapezekanso ku Norilsk m'dziko la Russia ndi ku Stillwater m'dziko la America, ndipo konseko dzina lake ndi lomwelo.

Zitsanzo za zimenezi zilipo m'dziko muno. Mchenga wakuda wa m'mphepete mwa nyanja ku Makanjira m'boma la Mangochi uli ndi mwala wa ilmenite, womwe dzina lake lidachokera ku mapiri a Ilmen a ku Russia. Pa phiri la Kangankunde m'boma la Balaka pali strontianite, wotchedwa dzina la mudzi wa Strontian ku Scotland. Bauxite wa pa phiri la Mulanje adatenga dzina la mudzi wa Les Baux ku France.

Dzina lotere limangonena komwe mwala udadziwika koyamba. Silinena komwe chidutswa chomwe chili m'manja mwa munthu chachokera, ndiponso silinena kuchuluka kwake m'nthaka.

Kagwiritsidwe ntchito m'makalata a boma

Polemba kalata kapena lipoti m'Chichewa, ndi bwino kusunga kalembedwe ka dzinali monga lilili ndi kulemba kuti mwala wa rustenburgite. Kulimasulira kuti mwala wa ku Rustenburg kumasokoneza, chifukwa owerenga angaganize kuti akunena mwala uliwonse wochokera kumzindawo. Dzina la mwala limayamba ndi chilembo chaching'ono pokhapokha likakhala koyambirira kwa chiganizo, pomwe dzina la mzinda limayamba ndi chachikulu.

Ndi bwinonso kusiyanitsa zinthu zitatu. Platinum ndi chitsulo chomwe chimagulitsidwa pa msika. Rustenburgite ndi umodzi mwa miyala yomwe imasunga chitsulocho, pamodzi ndi ina monga sperrylite, cooperite ndi braggite. Thanthwe ndi lomwe limakumbidwa, kuperedwa ndi kuyengedwa kuti chitsulocho chituluke. Palibe mgodi wa rustenburgite, ndipo mwalawu ulibe mtengo wake pa msika wa zitsulo.

M'malipoti a Chingerezi mumapezeka zilembo za PGE ndi PGM. Zoyambazo zimanena zitsulo zisanu ndi chimodzi zija. Zachiwirizo ena amazigwiritsa ntchito ponena zitsulo, ena ponena miyala, kotero wowerenga ayenera kuona mmene wolemba lipotilo wazitanthauzira.

Chomwe chimasonyeza phindu ndi kuchuluka kwa chitsulo m'thanthwe, komwe kumayezedwa m'magalamu pa tani imodzi. Ngakhale m'migodi yotchuka ya ku Bushveld, tani yathunthu ya thanthwe imatulutsa magalamu ochepa chabe, kawirikawiri osafika 10. Lipoti lomwe latchula dzina la mwala wosowa koma osapereka chiwerengero chimenechi, kukula kwa malo ndi dzina la labotale yomwe idayeza, silinapereke umboni wa chuma.

Mmene zilili m'dziko muno

Dziko la Malawi lilibe mgodi wa platinum. Zizindikiro za zitsulo za m'gululi zidaoneka pa phiri la Ngala, kummwera kwa mzinda wa Blantyre, komwe kampani ya ku Australia ya DY6 Metals idayamba kufufuza. Kufufuza ndi ntchito yosiyana ndi kukumba, ndipo ziphaso zake ndi zosiyananso.

M'boma la Mangochi miyala yomwe imatchulidwa kwambiri ndi ya mu mchenga wa m'mphepete mwa nyanja komanso golide yemwe anthu akhala akukumba m'dera la Makanjira. Munthu akabweretsa mwala wonyezimira ku ofesi ya khonsolo kapena kwa mfumu n'kunena kuti ndi wa m'gulu la platinum, mawu akewo sangatsimikizike ndi maso, chifukwa miyala yotuwa ndi yonyezimira ilipo yambiri.

Nthambi ya boma ya Geological Survey, yomwe likulu lake lili ku Zomba, ndiyo ili ndi udindo wofufuza ndi kusunga mbiri ya miyala ya m'dziko muno. Ziphaso zimayendetsedwa motsatira lamulo la migodi ndi miyala la m'chaka cha 2023, lomwe lidakhazikitsa bungwe la Mining and Minerals Regulatory Authority. Ofesi ya boma ikalandira lipoti lotchula rustenburgite kapena dzina lina lachilendo, iyenera kulitumiza kwa akatswiri amenewa isanauze mafumu ndi anthu a m'deralo kuti m'nthaka yawo mwapezeka chuma.