Ulendo wapansi wokaona malo akale a Mbona kuchokera m'dera la Mbenje

Dera la mfumu yaikulu Mbenje, kumpoto kwa boma la Nsanje, ndi khomo lolowera ku ena mwa malo opembedzerapo akale kwambiri m'dziko muno. Malowa ndi akachisi, mapanga, miyala ndi misitu imene a Mang'anja amati idapondedwa ndi Mbona, wovumbitsa mvula amene mbiri yake yakhala ikufotokozedwa m'chigwa cha Shire kwa zaka zoposa 400.

M'chaka cha 2011, boma la Malawi lidapereka malowa ku bungwe la UNESCO kuti alembedwe pa mndandanda woyembekezera wa malo a chikhalidwe ofunika pa dziko lonse. Kaamba ka ichi, ogwira ntchito m'boma amene amayang'anira zokopa alendo, zachikhalidwe, zankhalango ndi chitukuko cha m'maboma akuyenera kudziwa kumene kuli malowa, njira yofikirako ndi mwambo wake. Mfundo yoyamba ndi yakuti malowa si mabwinja osiyidwa. Eni ake alipo ndipo amathirapo nsembe, choncho mlendo aliyense, ngakhale wa galimoto ya boma, amafikapo ndi chilolezo komanso motsogozedwa ndi namulondola.

Kumene kuli malowa

Wochokera ku Blantyre amatsata msewu wa M1, kutsika phiri mpaka ku Thabwa, kuwoloka Shire pa mlatho wa Kamuzu ku Chikwawa, kenaka kudutsa Nchalo, Ngabu ndi Sorgin mpaka kufika pa Bangula, malo aakulu a malonda m'dera la Mbenje. Kuchokera pa Bangula msewu umapitirira kudzera pa Phokera ndi Tengani mpaka pa boma la Nsanje, pamene kale padali kutchedwa Port Herald.

Kum'mawa kwa msewuwu kuli mtsinje wa Shire ndi madambo ake. Kumadzulo kuli zitunda ndi mapiri amene amakathera m'malire a dziko lino ndi Mozambique. Kumeneku ndi kumene kuli nkhalango yosungirako nyama ya Mwabvi, imene ili pafupi ndi Bangula, komanso nkhalango ya boma ya Matandwe. Kachisi wamkulu wa Mbona ali mu msitu wa Khulubvi, pafupi ndi boma la Nsanje, pamene malo ena ang'onoang'ono ali m'mbali zosiyanasiyana za Nsanje, Chikwawa ndi Thyolo.

Mbiri ya Mbona

Mbiri ya Mbona idasungidwa pakamwa, ndipo akuluakulu a madera osiyanasiyana amaifotokoza mosiyana pang'ono. Onse amagwirizana kuti Mbona adali ndi mphatso yoitana mvula, ndipo kuti mphatsoyo idamubweretsera adani. Ambiri amatchula malume ake, Mlauli, amene adalephera kuvumbitsa mvula pa nthawi ya chilala, nachita nsanje pamene mwana wa mlongo wake adavina mvula nkugwa.

Mbona adathawa kulowera kum'mwera, adani ali pambuyo. Nkhani imati pothawapo ankatumphutsa zitsime pa mchenga, kumeretsa misitu pamene padalibe mtengo, ndi kusanduka nkhanga kuti abisale. Pamene adakhala kapena kugona pa thanthwe, padatsala chizindikiro cha thupi lake. Adani atamugwira pa Ndione, zida zawo zidalephera kumulasa, mpaka iye mwini adawauza kuti amucheke pakhosi ndi tsamba la bango. Magazi ake adasanduka mtsinje, ndipo mutu wake udaikidwa mu msitu wa Khulubvi, pamene adamangapo kachisi.

Wansembe wa Chikatolika wochokera ku Netherlands, Matthew Schoffeleers, amene adagwira ntchito m'chigwa cha Shire nafufuza mwambowu kwa zaka zambiri, adasindikiza zotsatira zake m'buku la River of Blood m'chaka cha 1992. Iye adagwirizanitsa nkhani ya imfa ya Mbona ndi kukula kwa ufumu wa Lundu kumapeto kwa zaka za m'ma 1500 ndi kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1600, ndipo adaonetsa kuti kupembedza kopempha mvula kudalipo m'chigwamo nthawi imeneyo isanafike. Mpando wa mfumu ya mafumu Lundu uli ku Mbewe m'boma la Chikwawa, ndipo ufumuwu ndi kachisi wa Khulubvi nzolumikizana mpaka lero.

Malo amene adalembedwa

Kupatula Khulubvi, chikalata chimene dziko lino lidapereka ku UNESCO chimatchula malo a Nyandzikwi, Mwala Umodzi, Kaloga, Chifunda Lundu, Nkhadzi, Mtsakana ndi Konde Dzimbiri. Awiri mwa malowa ndi amene amakhudza kwambiri wonyamukira kwa Mbenje. Mwala Umodzi ndi thanthwe limene lili pafupi ndi mtsinje wa Thangadzi, pamene anthu amaloza zizindikiro zimene amati adasiya Mbona. Kaloga ndi phanga lothirako nsembe limene lili m'nkhalango ya Mwabvi.

Mlendo asayembekezere kuona zipupa za miyala ngati za ku Great Zimbabwe. Kachisi wa Mbona ndi kanyumba ka mitengo ndi udzu, kamene kakatha kamamangidwanso mwa mwambo, mafumu ndi anthu awo atasonkhana. Chakale pa malowa ndi mwambo umene wapitirira mibadwo yambiri, msitu umene wasungidwa chifukwa cha mwambowo, ndi miyala imene ili ndi maina ndi nkhani zake. Popanda wofotokoza, mlendo angaone mwala ndi mitengo chabe. Ichi ndicho chifukwa choyamba chimene namulondola ali wofunika.

Kayendedwe ka ulendo

Gawo la ulendo lokwera zitunda lili m'nkhalango ya Mwabvi. Nkhalangoyi ndi ya makilomita 135 m'litali ndi m'lifupi mophatikiza. Dzina lake lidachokera ku mtsinje wa Mwabvi, umene udang'amba matanthwe a mchenga nkupanga chigwembe chozama. Muli njati, ngoma, mphalapala ndi anyani, ndipo kale ndi kumene kudatsalira zipembere zomaliza zobadwira m'dziko muno.

Nkhalangoyi ili m'manja mwa nthambi ya boma yoona za malo osungirako nyama zakutchire. Woyenda pansi m'katimo amaperekezedwa ndi msilikali wa nkhalango chifukwa cha nyama zoopsa monga njati. Koma chilolezo cha nthambiyi ndi cholowera m'nkhalango basi. Kufika pa phanga kapena pa mwala wa nsembe kumafunanso mawu a mafumu a deralo ndi akuluakulu osunga malowo. Wokonza ulendo akuyenera kupeza zilolezo ziwirizi tsiku la ulendo lisanafike.

Ku Khulubvi kulibe phiri loti nkukwera, ndipo mtunda woyenda pansi ndi waufupi. Kumeneko cholemera ndi mwambo. Mlendo amayamba wakaonekera kwa mafumu, ndipo akuluakulu a pa kachisi ndi amene amanena tsiku, malo amene angafike ndi amene sangafike. Mwa mwambo, pa kachisi pamakhala mayi wotchedwa Salima, amene amatengedwa ngati mkazi wa Mbona, ndipo amakhulupirira kuti mzimu wa Mbona umamuyendera ngati nsato.

Zoyenera kutsata pa malo a nsembe

Mu msitu wa Khulubvi saloleza kudula mtengo, kutola nkhuni kapena kupha nyama iliyonse. Woyandikira kachisi amavula nsapato. Mtundu wa Mbona ndi wakuda, ndipo nsalu yakuda ya biriwita ili ndi malo apadera pa mwambo wake, choncho nkoyenera kufunsiratu za kavalidwe. Kujambula zithunzi, kulemba mawu a akuluakulu kapena kuwatepa kuchitike pokhapokha eni ake atavomera.

Malamulo a boma nawonso amateteza malowa. Lamulo la Monuments and Relics Act la 1990 limaletsa kukumba, kuononga kapena kuchotsa zinthu zakale popanda chilolezo cha boma. Phale la mbiya, mkanda kapena chitsulo chopezeka pa malo otere chisiyidwe pomwepo ndipo nkhani yake ikanenedwe ku nthambi yoona za zipilala ndi zinthu zakale. Chinthu chikachotsedwa pamene chidali, akatswiri sangathenso kudziwa zaka zake ndi tanthauzo lake.

Nyengo yabwino yoyendera

Chigwa cha Shire ndi dera lotsika ndi lotentha kuposa madera onse m'dziko muno. M'miyezi ya Okutobala ndi Novembala kutentha kumapitirira madigiri 40, ndipo kukwera matanthwe masana pa nthawiyi nkoika moyo pachiswe. M'nyengo ya dzinja, kuyambira Disembala mpaka Malichi, mitsinje monga Thangadzi imadzaza mwadzidzidzi ndipo misewu yafumbi yolowera ku Mwabvi imavuta. Nthawi yabwino ndi kuyambira Meyi mpaka Ogasiti. Ulendo uyambe m'mamawa, aliyense atanyamula madzi akumwa okwanira, ndipo ogona m'deralo agone m'masikito chifukwa malungo ndi ochuluka.

Chitsanzo cha ku Peru

Dziko la Peru, ku South America, lili ndi ulendo wapansi wokaona malo akale wodziwika kwambiri pa dziko lonse. Mzinda wa Machu Picchu udamangidwa ndi anthu a ufumu wa Inca cha m'ma 1450, m'mapiri a Andes, pa msinkhu wa mamita 2,430. Udadziwika kunja pamene Hiram Bingham wa ku America adafikako m'chaka cha 1911, ndipo UNESCO idaulemba pa mndandanda wake m'chaka cha 1983.

Alendo amene safuna kukwera basi amafikako pansi, kutsata njira ya miyala imene adayala a Inca eni ake. Njira yaitali imatenga masiku anayi. Yaifupi imayambira pa kilomita 104 ya njanji yochokera ku Cusco, ndipo ndi mtunda wa makilomita pafupifupi 12 woyenda tsiku limodzi, kudzera pa mabwinja a Wiñay Wayna mpaka pa chipata cha Inti Punku, pamene mzinda wonse umaonekera m'munsi.

Alendo atachuluka, njira idayamba kukokoloka ndipo zinyalala zidadzaza. Kuyambira m'chaka cha 2001 boma la Peru lidaletsa kuyenda m'njirayi popanda namulondola wovomerezeka. Pa njira yaitali pamaloledwa anthu 500 okha pa tsiku, kuphatikizapo anamulondola ndi onyamula katundu, ndipo njirayi imatsekedwa mwezi wonse wa Febuluwale chaka chilichonse kuti ikonzedwe. Dziko la Peru lidakhazikitsa malamulowa zinthu zitaonongeka kale. Ku Nsanje alendo sadachuluke, choncho mpata woyamba ndi malamulo ulipo. Kusiyana kwina nkwakuti ku Machu Picchu omanga mzinda adachoka zaka mazana zapitazo, pamene ku Khulubvi okhazikitsa malire a mlendo ndi eni mwambo amene akadali pomwepo.

Zimene zikuopseza malowa

Kalembera wa 2018 adapeza anthu oposa 299,000 m'boma la Nsanje. Kufuna minda, nkhuni ndi makala kwachepetsa mitengo m'zitunda za kumadzulo, ndipo misitu ya nsembe ikutsala ngati zilumba pakati pa minda. Zitunda zikakhala zopanda mitengo, madzi amatsika mwamphamvu atanyamula mchenga, nkukwirira mitsinje ndi njira. Madzi osefukira a mu Januwale 2015, namondwe Idai wa 2019, Ana wa 2022 ndi Freddy wa 2023 adasamutsa mabanja ambiri m'chigwachi, ndipo ena adakhala m'misasa pa Bangula. Anthu akasamutsidwa amafuna malo atsopano ndi mitengo yomangira, ndipo msitu wapafupi ndi umene umayamba kuvutika.

Chiopsezo china ndi kutha kwa odziwa mbiri. Mkulu wodziwa dzina la mwala uliwonse akamwalira asanaphunzitse wina, malowo amatsala opanda wofotokoza.

Udindo wa maofesi a boma

Kulembedwa pa mndandanda woyembekezera ndi chiyambi chabe. Phiri la Mulanje lidaikidwa pa mndandanda umenewu m'chaka cha 2000 ndipo lidavomerezedwa m'chaka cha 2025, kukhala malo achitatu m'dziko muno pambuyo pa Lake Malawi National Park mu 1984 ndi zojambula za pa miyala za ku Chongoni mu 2006. Pofuna kuvomereza malo, UNESCO imafuna malire odziwika bwino, chitetezo cha lamulo, ndondomeko yoyendetsera malowo ndi umboni wakuti anthu a m'deralo akutengapo mbali.

Ntchito zimenezi zimakhudza maofesi angapo pamodzi. Nthambi yoona za zipilala ndi zinthu zakale ndi imene ili ndi udindo wolemba mbiri ya malowa ndi kuika malire ake. Nthambi za nkhalango ndi nyama zakutchire zimateteza Matandwe ndi Mwabvi. Khonsolo ya boma la Nsanje, kudzera mu ofesi ya bwanamkubwa, ndi imene ingakhalitse pansi mafumu, osunga akachisi ndi oona zokopa alendo kuti agwirizane za chiwerengero cha alendo, masiku otseka, ndalama zolowera ndi kagawidwe kake, komanso maphunziro a anamulondola ochokera m'midzi yozungulira. Ku Mulanje, anamulondola ndi onyamula katundu a m'midzi ya m'mphepete mwa phiri akhala akupeza ndalama pa ntchito yotere kwa zaka zambiri.

Wogwira ntchito m'boma amene akukonza ulendo wa alendo, ana a sukulu kapena akuluakulu a unduna ayambire ku ofesi ya bwanamkubwa ku Nsanje, imene idzamulumikiza ndi mfumu ya dera limene kuli malo ofunidwawo. Tsiku la ulendo likhazikitsidwe akuluakulu osunga malowo atayankha.