Carl Stokes, Meya wa Mzinda wa Cleveland

Atsogoleri a makalasi, mwezi uno titenge mbiri ya kutali, ku America, mumzinda wa Cleveland m'cigawo ca Ohio. Kumeneko cigawo ciliconse cili ndi nyumba yake ya malamulo, ndipo mzinda umasankha mkulu wake, amene amamucha meya. Carl Stokes anakhalapo pa mipando yonse iwiriyi.

Anabadwa mu 1927. Atate ake anamwalira iye ali wamng'ono, ndipo amai ake analera iye ndi mkulu wake Louis ndi ndalama za nchito yokolopa m'nyumba za anthu. Mu 1944 analeka sukulu, kenaka analowa usilikali. Atabwerako sanacite manyazi kukhalanso pa benchi: anamaliza sekondale mu 1947, ndipo mu 1956 anamaliza maphunziro a zamalamulo, akuphunzira uku akugwira nchito.

Mu 1962 anasankhidwa kulowa m'nyumba ya malamulo ya Ohio, munthu wakuda woyamba wa cipani ca Democratic kufika pamenepo. Mavoti ake anacokera m'boma lonse la Cuyahoga, kumene azungu ndiwo anali ambiri. Pamenepo anadziwa kuti azungu ena akhoza kumuvotera. Mu 1965 anapikisana pa umeya mosaimira cipani, nalephera ndi mavoti opitirira pang'ono 2,000. Caka cotsatira kunabuka cipolowe m'dera la anthu akuda la Hough, ndipo anthu 4 anafa.

Cisankho ca 1967 ndico tikufuna tiimepo. Anthu akuda anali ngati gawo limodzi mwa magawo atatu a mzindawo, ndiye paokha sakanapambana. Anthu ake anayenda khomo ndi khomo kulembetsa maina m'kaundula wa mavoti, ndipo Martin Luther King anabwera kudzathandiza nchito imeneyi. Stokes mwiniwake ankapita kukalankhula m'madera a azungu amene sankamufuna. Pa 7 November anagonjetsa Seth Taft, mdzukulu wa Pulezidenti William Howard Taft, ndi mavoti osafika 2,000. Tangoganizani: mwana wa mai wokolopa kugonjetsa mdzukulu wa pulezidenti! Anali wakuda woyamba kusankhidwa kukhala meya wa mzinda waukulu cotere ku America.

Koma mpando anaupeza uli wotentha. Mafakitale anali kucepa, ndipo anthu a ndalama anali kusamukira kunja kwa mzinda, msonkho wawo n'kupita nawo. King ataphedwa mu April 1968, mizinda yambiri inayaka moto, koma Stokes anayenda pansi m'misewu usiku kutonthoza anthu, ndipo Cleveland anakhala bata. Amalonda anakondwa, napereka ndalama ku thumba lokonzera mzinda lochedwa Cleveland: Now!

Cikondico sicinakhalitse. Pa 23 July 1968, m'dera la Glenville, gulu la Fred Ahmed Evans linawomberana ndi apolisi, ndipo pakati pa akufawo panali apolisi atatu. M'mawa mwake Stokes anacotsa apolisi acizungu m'deralo, nasiyamo apolisi akuda ndi atsogoleri a anthu. Ife tiona kuti anacita bwino, pakuti usiku umenewo palibe anaphedwa, ngakhale masitolo ena anathyoledwa. Koma apolisi acizungu sanamukhululukire. Coipa kwambiri, zinamveka kuti gulu la Evans linalandirako ndalama za thumba lija, ndipo amalonda anabweza manja.

Anacitabe zina. Analemba anthu akuda ndi akazi nchito za maudindo mumzinda. Mtsinje wa Cuyahoga, wodzala mafuta a m'mafakitale, utayaka moto mu June 1969, anatenga atolankhani kukawaonetsa kuti zonyansa zina zimacokera kunja kwa malire a mzinda, kumene meya alibe mphamvu. Lamulo la dziko lonse loteteza madzi linabwera mu 1972.

Anasankhidwanso mu 1969, koma mu 1971, atatopa ndi mikangano ya apolisi ndi khonsolo ya mzinda, sanaimenso. Anakawerenga nkhani pa wailesi ya kanema ku New York, kenaka anakhala woweruza milandu ku Cleveland kuyambira 1983. Mu 1994 Pulezidenti Bill Clinton anamutuma kukhala kazembe ku zilumba za Seychelles. Anamwalira ndi khansa mu April 1996.